Timazira Tisanu pa Pepala

Mdzukulu wanga wa ku koleji anandiuza tsiku lina kuti maphunziro a chikhalidwe cha anthu ndi achabe masiku ano. Akuti anali a azungu oyenda ndi makope kukasuzumira anthu otsalira. Ndinamusiya amalize, kenaka ndinamufunsa kuti mpunga umene anali kudyawo unachokera m'dimba la ndani.

Mzungu wanga ine anafika m'mudzi mwathu, kuno ku Domasi, patangopita zaka zochepa chilandirireni ufulu. Anali mayi wamtali, woyenda pa njinga, mphuno itasupuka ndi dzuwa. Ankafunsa chilichonse: uyu anabadwa kwa yani, maliro aimike ndani, mbuzi iyi njayani. Ine ndinali ndi mwana mmodzi kumbuyo ndi Chingerezi cha Sitandade sikisi chimene chinkangochita dzimbiri, choncho anandilemba kuti ndizimumasulira.

Ndinene zoona, poyamba sindinamukonde. Zinkandiwawa kuona abale anga akulembedwa m'kope ngati nkhuku. Mkazi ankamujambula kozungulira ngati kadzira, mwamuna ngati kadenga ka nyumba, n'kuwalumikiza ndi timizere. Tsiku lina anandifunsa chifukwa chake amuna kuno amasiya kwawo n'kudzakhala kwa mkazi ngati alendo. Ndinapsa mtima.

"Nanga kwanu amatani?"

Anati kwawo mkazi ndiye amachoka, amasiya ngakhale dzina la bambo ake n'kutenga la mwamuna.

"Ndiye mwana wamkazi mumamulera kuti mukamutaye?"

Ndinkayesa akwiya. Iye anaseka, n'kulemba mawu angawo, kenaka anati funso lotere ndiye ntchito yake yonse. Anandigulira kope ndi pensulo ku Songani, nandiphunzitsa timazira ndi timadenga. Anandiuzanso kuti ukafika pakati pa anthu osawamvetsa usathamangire kuwatcha zitsiru. Khala pansi uone chimene amaopa, chimene amalemekeza, ndi khomo limene amalowera. Dzinja litatha anabwerera kwawo, ndipo kopelo ndinaliponya m'sutikesi.

Chaka chotsatira kunabwera anthu a ku ofesi ina ya ku Zomba kudzalemba madimba a m'mbali mwa mtsinje, ati kuti tiyambe kulima mpunga mwamakono. Tsikulo ine ndi amayi tinali ku maliro ku Malosa. Anapeza mwamuna wanga ali pakhonde, anamufunsa ngati ndiye mutu wa banja, iye anavomera. Dzina lake linalowa pa fomu ngati mwini dimba.

Dimba limenelo analithyola ndi agogo awo a amayi anga, atafika kuchokera kwa Apwitikizi ndi khasu limodzi, mwana ali kumbuyo. Linachoka kwa iwo kupita kwa mwana wawo wamkazi, kenaka kwa amayi, ndipo linkadikira ine. Amuna ankabwera, kulima, ena kufa, ena kuchoka. Palibe mmodzi amene analota zoti nlake.

Wangayu analota. Banja lathu linali litayamba kale kugwedera, kunali mkazi wina ku Songani amene mudzi wonse unkamudziwa. Akulu amati mkamwini asamakule mwendo, koma wake unakula tsiku lomwelo. Anayamba kuyankha amayi ataimirira. Kenaka ananena poyera kuti boma lamupatsa dimba, ndipo mpunga wa chaka chimenecho adzadzala ndi amene akumufuna iye. Amalume, amene akanamudzudzula, anali ku migodi ku Joni. Amayi anangoti, "Mwananga, pepala silitsutsika," n'kusiya kudya.

Ndinakwera basi ya ku Zomba ndili ndi ukali wokhawokha. Pa ofesipo mesenjala anandiuza kuti bwana ali pa msonkhano. Ndinadikira mpaka madzulo, msonkhano osatha. Ndinatsala pang'ono kumutukwana, ndipo ndikanatero nkhani ikanathera pomwepo. Ndinakagona kwa msuweni wanga, ndipo m'mawa ndikuvala ndinakumbukira mawu a mayi wa njinga uja. Ndinabwerera, n'kukhala pa benchi, osapempha kanthu. Ndinangopenya tsiku lonse.

Ndinaona kuti nawonso ndi mudzi, wa miyambo yake yolimba kuposa yathu. Mesenjala ndiye nkhoswe, sungalankhule ndi bwana osadzera mwa iye, ndipo amene ankamudutsa osamulonjera ankauzidwa za msonkhano. Bwana asanamwe tiyi saona munthu. Koma chachikulu chinali pepala. Obwera chimanjamanja, ngakhale alire bwanji, ankabwezedwa. Wobwera ndi pepala, kaya lakuda ndi thukuta, ankalowa. Ankalilandira ndi manja awiri, kuliika m'chikwama chake, kulimenya chidindo. Anthu amene ankatiseka kuti timakhulupirira mizimu anali ndi mzimu wawo, ndipo unkagona m'kabati.

Ndinagula pepala lalikulu kwa Mmwenye, ndinakhala pansi pa mtengo, n'kujambula timazira tisanu motsikira pansi: wothyola dimba, agogo, amayi, ine, ndi mwana wanga wamkazi. Timadenga ndinatiika m'mbali, kalikonse ndi mudzi umene kanachokera. Ka mwamuna wanga ndinakajambula kakang'ono dala.

Tsiku lachitatu ndinamupatsa moni mesenjala mogwada, ndinamufunsa za kumudzi ndi za ana, pepala lili poonekera. Tiyi atangotha anandilowetsa.

Bwanayo sanali mzungu. Anali mwana wa konkuno, wa tayi, ndipo pansi pa Chingerezi chakecho ndinkamva Chiyao. Anandimvetsera akusewera ndi cholembera.

"Mayi, fomu ili ndi mzere umodzi, wa mutu wa banja. Mutu wa banja ndi mwamuna. Ino ndi nthawi ya chitukuko, zachikale tikuzisiya."

Ndinayala pepala langa pa tebulo lake osapempha.

"Bwana, ndikufunseni kamodzi kokha. Munda umene unakulerani inu unali wa ndani?"

Anasiya kusewera ndi cholembera chija.

"Wa mayi anga."

"Lero akulima ndani?"

"Mlongo wanga."

"Anyamata anuwa akafika kumeneko ndi fomu, adzapeza alamu anu ali pakhonde. Mwawauza kale achemwali anuwo kuti ayambe kumanga katundu?"

Anakokera pepala lija kufupi, natsata timazira ndi cholembera kuyambira pamwamba mpaka pansi. Anafunsa amene anandilembera, ndinati ndalemba ndekha, ndipo ndikhoza kulembanso la kwawo ngati akufuna. Sanaseke. Anaitanitsa fomu, anakhwatcha dzina la mwamuna wanga, analemba langa. Ndinamupempha kuti amenye chidindo pa pepala langalonso, popeza ndinali nditawadziwa anthu ake. Anamenya.

Sindikunena kuti boma linasintha. Fomu inakhalabe ndi mzere wake umodzi kwa zaka zambiri, ndipo amayi ena a m'chigwa chino anataya madimba. Amene anabwera kwa ine ndinawajambulira timazira tawo, n'kuwauza kuti asafike bwana asanamwe tiyi.

Mwamuna wanga ndinamuitanira ankhoswe a mbali zonse ziwiri. Sindinakweze mawu. Ndinamutulutsira mphasa yake, khasu lake ndi njinga yake, zimene anabwera nazo, ndipo analowera njira ya ku Songani masana dzuwa likuswa mtengo. Atapita ndinalira kuseri kwa nkhokwe, chifukwa ndinkamukonda, ndipo sindichita nazo manyazi.

Amayi sankadziwa kuwerenga. Ndinawayalira pepala lija pakhonde, n'kuwalozera kuti aka ndi inu, aka ndi ine, aka ndi mdzukulu wanu. Chidindo cha bomacho sanachiyang'ane n'komwe. Anapukuta dzanja pa chitenje, anaika chala pa kadzira kapamwamba penipeni, nalankhula motsitsa mawu ngati akudzutsa munthu wogona.

"Agogo, dimba lija lilipo."