Mwala Wakumwa Kutentha

Mayi wina analowa m'chipinda chositiramo zovala dzuwa lili paliwombo, osagogoda, osapereka moni. Anavala jekete lalitali, koma pamphumi pake panalibe ngakhale kadontho ka thukuta. Anatembenuza ndowa, nakhalapo pakona potentha kuposa ponse, pafupi ndi makina owumitsira.

Mtsikana amene ankasita m'menemo anzake ankamutcha Kasimbi. Tsiku limenelo misozi yake inkagwera pa malaya a eni ake n'kumauma ndi simbi. Mayeso anali atalephera kachiwiri. Kunyumba bambo ake ankapumira kamakina ka mpweya, ndipo magetsi akathima chifuwa chawo chinkalira ngati chitseko chadzimbiri. Dokotala sanabise: tsiku lina magetsiwo akadzathima nthawi yaitali, adzapita nawo.

Inu amene mukuona ngati mwafika pansi penipeni, tamverani.

"Amayi, zochapitsa amasiya kutsogolo," anatero Wochapa, mnzake wa Kasimbi, wapakamwa posatseka. "Kuno n'kwa ife ootchedwa amoyo."

Mlendoyo anangotulutsa kamwala koonekera ngati galasi, kokulungidwa ndi waya, nakalumikiza ku kababu. Kababuko kanayaka. Kamphepo kozizira kanadutsa m'miyendo ya Kasimbi ngati wina watsegula zenera la kumaloto.

"Kamamwa kutentha n'kulavula magetsi," anatero mayiyo. "Koma kakalamba, taona ming'aluyi. Kofunika kulera kena, ndipo manja angawa..." Anawatambasula. Ankanjenjemera ngati masamba.

"Kangayendetse makina opumira?" anafunsa Kasimbi.

"Kakakula ngati dzira, inde."

"Ndinu ndani, mayi?"

"Mwala ukakula, nane ndidzakhala ndi dzina."

Anamupatsa ufa wotuwa m'kachitini ndi kachibenthu ka mwalawo. Malangizo anali ochepa: sungunula ufawu m'madzi otentha, mangirira kachibenthu pa ulusi, lendeweretsa m'botolo, kenako usiye azizire pang'onopang'ono, osakhudza.

Mawu omalizawo ndiwo anavuta. Wosita saimitsa dzanja. Simbi ikaima pamodzi, nsalu yapsa, ndipo Kasimbi anakula nalo lamulo limenelo m'mafupa. Akaika botolo pashelefu, posapita nthawi dzanja linkapita lokha kukalitembenuza, kuliyang'anira padzuwa, kuligogoda ndi chikhadabo. M'malo mwa mwala munkatsala mchenga woyera pansi.

"Asayansi athu, lero mwaphikanso phala?" ankaseka Wochapa. "Mundipatseko supuni."

Mlendo uja ankabwera masana aliwonse, n'kukhala pa ndowa yake, maso ali pankhope ya Kasimbi ngati akuwerengapo kanthu. Ufa m'kachitini unkachepa.

Tsiku lina magetsi anathima m'mawa mpaka madzulo. Kasimbi anathamangira kunyumba, napeza aneba akupepeza bambo ake ndi katoni, milomo ya bambowo itachita phulusa. Anapulumuka, koma anamunong'oneza kuti, "Mwana wanga, usadzivutenso. Ndatopa kuthamangitsa mpweya."

M'mawa mwake Kasimbi anabweza kachitini. "Ndine wolephera, mayi. Kusukulu anandiuza kale."

"Ufa watsala wa botolo limodzi," anatero mlendoyo, osalandira. "Mutu wako ulibe mlandu. Manja akowa ndi amene sakhulupirira kuti chinthu chingakule iwo kulibe."

Kasimbi anayang'ana mulu wa nsalu zapabedi zomwe anali atangosita. Ankadziwa kuti pakati pa mulu wotero pamakhala pofunda mpaka mawa, ndiponso kuti palibe wosita amene angasokoneze mulu wopinda bwino, ngakhale atamuopseza. Anasungunula ufa wotsiriza, nalowetsa botolo pakati penipeni, naunjika nsalu zina pamwamba mpaka muluwo unamufika m'khosi.

Manja anamuyabwa. Anasita makolala, anasita matumba, anasita ngakhale kansanza kopukutira pansi. Wochapa, amene kale ankaseka, anakoka mpando n'kukhala kutsogolo kwa muluwo ngati mlonda.

"Ukangoyandikira, achemwali, ndikuthira sopo m'maso."

Tsiku lotsatira galimoto yotenga nsaluzo itabwera, anazichotsa imodziimodzi. M'botolo munali mwala waukulu ngati dzira, woyera mbee, wokhala ndi kautsi kabuluu koyenda pang'onopang'ono mkati mwake ngati mtambo wosochera. Kasimbi ataugwira, zala zake zinazizira. Mlendoyo anaphimba nkhope ndi jekete.

Kasimbi ndi mlendoyo anapita nawo mwalawo kunyumba. Magetsi anali atathimanso, denga lamalata likulira ndi dzuwa. Kasimbi analumikiza mawaya monga anaphunzitsidwira. Kamakina kanatsokomola, kenako kanayamba kung'ung'udza. Chipinda chinazizira. Chifuwa cha bambo ake chinakwera, chinatsika, chinakweranso mwakachetechete.

Lero Kasimbi amalera miyala imeneyi ndipo amaphunzitsa ena. Nanu osataya mtima. Chimene chikukuotchani lerochi mwina ndicho chidzakuunikireni, ndipo zina zimakula pokhapokha mukazichotsera dzanja n'kudikira.

Koma masana amenewo nkhani inali isanathe. Bambo aja atatsegula maso anaona mlendo ataima pakhomo, akuopa kulowa. Anamuyang'ana nthawi yaitali. Kenako anatchula dzina, dzina lenileni la Kasimbi, lija lomwe kuntchito palibe ankalidziwa.

"Ndili pano, bambo," anayankha mtsikanayo.

"Sindikuitana iwe, mwana wanga. Ndikuitana mwini dzinalo. Uyu ndi mlongo wanga. Anachoka usanabadwe kukasaka mwala wakewu, ine n'kumuuza mwaukali kuti asadzabwerenso usanakule. Pakamwa panga panamuthamangitsa, koma dzina lake ndinakana kuti lichoke m'nyumba muno."

Analitchulanso, mofatsa. Ulendo uno anavomera awiri.