Kachidutswa Kotsiriza ka Keke ya Mandimu

Ardis Tollefson anakulira kumunda, kumpoto kwa Minnesota. Kutchalitchi kukachitika maliro, amayi ake sankaoneka m'mapemphero, ankakhala kukhitchini akupaka batala pa buledi wa olira. Kumeneko ndi kumene Ardis anaphunzira kuti sinki ikadzaza, suyembekeza kuuzidwa.

Atakula anaphunzira jogalafe n'kuyamba kuphunzitsa pa yunivesite ina yaing'ono, pa kontirakiti yongowonjezera chaka ndi chaka mpaka imvi zinamera. Kafukufuku wake anali pa funso limodzi: ntchito zosalipidwa zimene akazi amagwira zimachitikira kuti, nanga n'chifukwa chiyani pa mapu sizioneka? Ofesi yake inagundana ndi khitchini ya dipatimenti. Anampatsa imeneyo chifukwa, ati, ndi yofunda.

Chaka china akuluakulu a yunivesite anamuuza mosapita m'mbali kuti ngati akufuna ntchito yokhazikika, pepala la kafukufuku wake lituluke m'magazini ya akatswiri. Akonzi a magaziniyo analikonda, koma anati mathero ake alibe mano, awalembenso mwezi usanathe. Ardis akati akhale pansi alembe, wina wagogoda kufunsa kumene kuli shuga. Akati ayambenso, makina a khofi atayikira.

Kwathu kuno ku Minnesota munthu waulemu satenga chidutswa chotsiriza cha keke. Amachidula pakati n'kusiya theka. Wobwera pambuyo pake adulanso thekalo, n'kumapita chonchi. Ndipo lamulo losanenedwa ndi loti amene wamaliza ndiye atsuke thireyi. Zaka zonsezo Ardis ndiye ankadya nyenyeswa yomalizayo, osati chifukwa cha njala, koma kuti thireyi ichoke patebulo.

"Iwe mnzanga, ukulemba za akapolo a sinki pomwe iwe ndiwe mfumu yawo," anatero Lupe Benavides, katswiri wojambula mapu, atampeza manja ali thovu lokhalokha.

"Nanga ndisiye zinunkhe?"

"Zinunkhe! Mphuno uli nayo wekha m'nyumba muno?"

Lolemba lotsatira Ardis anabweretsa keke ya mandimu monga mwa nthawi zonse, koma mumtima analumbira kuti thireyiyo saikhudza. Pofika masana panatsala chidutswa chimodzi. Mawa lake chinali ngati bokosi la machesi. Kenako chinafanana ndi njere ya nyemba, ndipo Lupe anapeza mphunzitsi wina akuchidula ndi kampeni kosongolera mapensulo, lilime lili kunja. Ardis ankamva kulira kwa mpeni kudzera kukhoma. Manja ankamuyabwa. Anawakhalira, ndipo munthu wokhalira manja salemba kanthu.

Nkhani inafika kwa mkulu wa dipatimenti, Pulofesa Duane Kopecky. Iwowa analemba buku lonenepa lonena za ntchito zobisika za akazi, ndipo kumayambiriro kwake anathokoza akazi awo, a Marlys, chifukwa cha kuleza mtima. Kunena zoona a Marlys ndiwo anataipa buku lonselo.

A Duane anaitanitsa msonkhano kukhitchini komweko.

"Anzanga, thireyi iyi ndi phunziro," anayamba, atayedzamira tebulo. "Tisafulumire kufunsa kuti atsuke ndani. Tifunse kuti kutsuka n'chiyani."

"Ndi madzi ndi sopo, bwana," anatero Lupe.

"Mukupeputsa nkhani yakuya, Lupe. Ine ndikuona kuti tikhazikitse komiti. Ardis, poti inu zimenezi mumazidziwa bwino, ndipo muli pafupi..."

"Ndili ndi pepala, a Duane," anatero Ardis motsitsa mawu. Anadziona ngati wakana kunyamula maliro.

"Inde, inde, pepala. Ndiye vuto lake limenelo, mwaona? Malo amagawa ntchito!"

A Duane akakoma m'kamwa, manja awo amayenda okha. Chala chinagogoda tebulo, chinagogoda m'mphepete mwa thireyi, kenako chinadinda kanyenyeswa kaja n'kupita nako kukamwa. Onse anaona.

"Yakoma, bwana?" anafunsa Lupe.

A Duane anayang'ana chala chawo, anayang'ana thireyi, kenako anayang'ana sinki ngati dziko limene analiwerenga m'mabuku okha. Anati sopo wa pano amawatupitsa khungu, nanyamula thireyi kukhwapa n'kutuluka nayo.

M'mawa mwake thireyi inabwera ikuwala mpaka m'makona momwe Ardis anali atalephera kalekale. Inalinso yodzaza ndi keke ya maapulo, idakali yofunda.

"Nkhani ija taithetsa," anatero a Duane mokondwa. "Marlys akuti thireyi ya mwini sabweza yopanda kanthu. Ndamuuza kuti asavutike, koma mukumudziwa."

"Mwaithetsa nonse awiri?" anafunsa Lupe. "Inu munagwira mbali iti, yoyendetsa galimoto?"

Ardis sanaseke. Anaimirira akuyang'ana makona owalawo, m'maganizo akuona a Marlys, odwala nyamakazi, akukwecha, akusenda maapulo. Iye anakana kutsuka, koma thireyi inatsukidwabe. Ntchitoyo inakwera galimoto, inawoloka mtsinje, n'kukatsikira m'khitchini ya mkazi wina, ndipo pobwerera inali itabereka mwana.

Analowa mu ofesi n'kukhoma chitseko. Wina anagogoda kufunsa shuga, kenako anatopa yekha. Pofika madzulo mathero anali atalembedwa: mkazi mmodzi akakana ntchito, ntchitoyo siifa, imangosamuka, ndipo mapu oona ayenera kuitsatira kumene yapita.

Akonzi analandira pepalalo, ndipo chipale chofewa chisanasungunuke Ardis anapatsidwa ntchito yokhazikika. Atamufunsa ngati pali china chimene akufuna, anati ofesi yofunda ija ikuyenera mawondo a bwana, iye atha kupirira kuzizira kumapeto kwa khonde. A Duane anakhudzidwa kwambiri ndi ulemu umenewu. Masiku ano ndiwo amadziwa kumene kumakhala shuga.

Ardis anaimbira a Marlys kuwathokoza ndi kupepesa.

"Aa, musavutike, mai," anatero a Marlys. "Koma mukadzaphikanso, chepetsani shuga m'makona. Amamatirira."

Mpaka lero Ardis amabweretsa keke Lolemba, koma m'thireyi ya pepala yongotaya. Ndipo amayamba yekha kudula, chidutswa chachikulu ndithu, anthu ena asanafike.