Mnyamata wa Mafilimu Anandilankhulira Kutulo

Usiku wathawu ndinalota ndili m'filimu ya chimwenye, ine ndemwe, telala wa pakhonde la golosale ku Mchesi, munthu woti ngakhale pa ukwati wanga womwe sindinavine. Musanayambe kuseka, ndikuuzeni kaye kumene filimuyo inandipezera.

Kunyumba kwanga tilipo awiri, ine ndi Pilirani, mwana wa malemu mlongo wanga. Ndinamutenga ali ku sitandade wani, lero ndi namwali wamkulu woti kolala ya malaya amaisoka bwino kuposa ine, ngakhale zimenezi sindimuuza. Ndiye pali filimu ina ya Chihindi imene yalowa m'mitu ya atsikana onse a dera lino. Ndi ya chikondi ndi mikangano ya pabanja: bambo wolemera akukaniza mwana wake wamkazi kukwatiwa ndi mnyamata wosauka, mayi akulira, azakhali akukolezera moto, ndipo aliyense akakhumudwa amayamba kuimba. Nyimbo zake zili ponseponse. Mu saluni ndi zomwezo, m'minibasi ndi zomwezo, foni ya mayi Nabanda, ogulitsa mandasi pafupi ndi mashini anga, ikalira ndi zomwezo. Pilirani amaziimba akusesa, akuchapa, akusita, chonsecho tanthauzo la liwu n'limodzi lomwe salidziwa.

Amene anaika Chichewa m'filimuyo ndi Yosefe, mnyamata wa kumsika. Ntchito yake ndi yomweyo. Amatenga mafilimu akunja n'kumalankhula pamwamba pake, mawu ake amodzi omwewo kulankhulira bambo, mayi, mwana ndi galu yemwe, uku akuthiramo ndemanga zake. Yosefe ameneyu ndiye akufuna Pilirani. Amalume ake akubwera Loweruka lino kudzamva yankho kwa ine monga mwini mbumba, ndipo ine ndinanena kale pamaso pa Pilirani kuti mwana wa mlongo wanga sangakwatiwe ndi munthu amene ntchito yake ndi kulongolola. Chinenereni mawu amenewo, m'nyumba muno moni ndi wachidule, tiyi amangondiikira patebulo n'kutuluka.

Basi, tibwerere kutulo kuja.

Ndinapezeka ndaima pamwamba pa masitepe, m'nyumba yaikulu ngati tchalitchi. Inali nyumba yanga yomweyi ya zipinda ziwiri, chifukwa ndinazindikira msomali umene ndimapachikapo jekete, koma inali itatupa. Ndinali nditavala mkanjo woyera wofika kuakakolo, nduwira kumutu, ndipo pamlomo panali ndevu zopindikira m'mwamba ngati mahandulo a njinga. Sindinadabwe nazo. Ndinangozipotokola pang'ono n'kuona kuti zandikhala. Chimene chinandisangalatsa kwambiri n'chakuti ndikangokwinya nkhope, kunja bingu linkagunda, anthu onse m'nyumbamo n'kutembenuka mmodzimmodzi kundiyang'ana ndi mantha. Ndinakwinya kangapo popanda chifukwa, kungofuna kumva bingulo.

Pansi pa masitepe panali mayi Nabanda, koma m'malotomo anali azakhali a pabanjapo. Anali atadzikulunga nsalu yaitali ya chimwenye ija, kadontho kofiira pachipumi, m'manja muli mbale ya mandasi, pakati pa mandasiwo pakuyaka kandulo. Ankaizunguza mbaleyo pamaso pa aliyense wolowa, ndipo munthu akatambasula dzanja kuti atengepo limodzi ankamumenya dzanjalo, monga amachitira masana.

Kenako Yosefe analowa pa njinga ya kabaza mpaka pabalaza. Mnyamatayu mumamudziwa, mutu wake ndi wometa mpala chaka chonse, koma apa anali ndi tsitsi lofika m'mapewa, likuuluka. Pilirani anatulukira kuseri kwa katani, lakenso likuuluka. Mphepoyo inkawomba iwo awiri okha. Ine ndinali thukuta kamukamu mumkanjo muja, kamphepo n'kamodzi komwe kosandifika. Anayang'anana nthawi yaitali yoti munthu ukhoza kusoka zipi. Ndinakwinya, bingu linagunda, koma ulendo uno palibe anatembenuka, chifukwa ng'oma zinali zitayamba.

Ndiye khoma la kumaso linangochoka, tonse tili pakati pa msika. Nyimbo inali ija ya Pilirani posesa. Anthu onse a mumsika anataya malonda awo n'kundanda m'mizere: ogulitsa makala, a butchala ndi zikwanje zawo, anyamata oitanira minibasi, amayi a tomato, mpaka mkulu wina wopempha amene masana amayenda ndi ndodo. Onse ankadziwa sitepe imodzi. Dzanja m'mwamba ngati ukuchotsa babu, phewa kugwedeza, kutembenuka. Chimene chinandipweteka n'chakuti palibe anaphonya, ngati akhala akukonzekera kwa miyezi ine osandiuza. Ndinayang'ana pansi, ndikuona mwendo wanga wakumanzere nawonso ukuchita nawo. Ndinauponda ndi wakumanja.

Kenako tinali pamwamba pa phiri la Dedza, koma lonse mbee, chisanu chitaunjikana ngati ufa woyera pamphasa. Pilirani ankathamanga pamenepo atavala kansalu kopyapyala, wopanda juzi, ine mtima uli m'mwamba kuti mwanayu adwala chibayo, iye uja anavutika nacho ali wamng'ono. Ndinakuwa kuti avale chinthu chofunda, koma mawu anga anamira m'zitoliro. Akazungulira kuseri kwa mtengo atavala zofiira, ankatulukira mbali inayo atavala zachikasu. Akazunguliranso, zobiriwira. Ndakhala ndikudzifunsa poonera mafilimu amenewa kuti kodi amasoka zovala zonsezi ndani. Usiku wathawu ndinadziwa. Ndine. Mashini anga anali kuseri kwa mtengowo, ine ndikupalasa ndi mapazi onse, mayi Nabanda akundiponyera nsalu pamutu uku akuti, "Atelala, fulumirani, vesi ikutha."

Ndinasoka, ndinasoka, mpaka ulusi unaduka. Apa ndi pamene zinthu zinasiya kukoma. Maso angawa masiku ano bowo la singano saliona bwino, ndipo pakhonde paja amandilowetsera ulusi ndi Pilirani, osachita kumuuza, amangoona kuti mashini aima n'kubwera. Ndiye ndinadikira kuti abwere. Sanabwere. Ndinaitana, koma anali ataoloka kale, akuvina pa phiri lina kutali, akuoneka kang'onong'ono. Ndinanyowetsa ulusi ndi malovu, ndinayesa, ndinaphonya. Ndinayesanso, ndinaphonya. Ndinayandikitsa singano kumaso, bowo lija linayamba kukula, linakula mpaka linakhala khomo, ine n'kulowamo ndi mkanjo wanga.

Mkatimo munali pabalaza panga paja, mutadzaza anthu, maluwa achikasu ali lendelende kudenga. Mvula inkagwa m'nyumba momwemo, koma palibe anatenga beseni. Amalume ake a Yosefe anafika atakwera njovu. Njovuyo inabwerera m'mbuyo bwinobwino, mnyamata wina akuimenya m'nthiti kuti iime, akuluakuluwo n'kutsika. Anavula zipewa, anakhala pansi, anawomba m'manja mwaulemu wake, wamkulu wa iwo n'kunena kuti tambala wawo waona msoti pakhomo pano, ndiye abwera kudzamva maganizo a eni khola.

Anthu onse anandiyang'ana. Ine yankho ndinali nalo kale, lokonzakonza. Ndinapotokola ndevu, ndinatsokomola, ndinatsegula pakamwa kuti ndinene kuti ayi.

Munatuluka nyimbo. Ya Chihindi, ya mawu aang'ono okwera ngati a mtsikana wa kwaya, yokhotakhota kumapeto. Ndinatseka pakamwa, inasiya. Ndinatsegulanso, inapitiriza pomwe inalekezera. Ndiye kudenga kunamveka kukhotchola kwa maikolofoni, kenako mawu aja mumawadziwa nonse amene munalowapo m'nyumba yoonetsera mafilimu.

"Eya, abale anga, amalume ayamba kuimba. Khalani chete ndikumasulireni."

Anali Yosefe. Thupi lake linali litakhala phee pamphasa pambali pa amalume ake, mutu woweramitsa ngati mkamwini weniweni, koma mawu ake ali kudenga.

Ndinaimba mwaukali, mumtima ndikunena kuti mnyamatayu alibe ntchito yooneka.

"Akuti za ntchito angonamizira," anatero mawu aja. "Akuti iwonso anayamba ndi mashini obwereka, apongozi awo n'kumawatcha wosoka zigamba."

Anthu anati, "Hmmm," onse pamodzi, mitu ikugwedera chammbali. Ine ndinakwinya kuti bingu lindithandize. Linangolira pang'ono ngati m'mimba mwa munthu. Ndinakweza nyimbo, dzanja limodzi pachifuwa, lina likuloza Yosefe, ndikutanthauza kuti asiye kundinamizira.

"Akuti madzulo akamachokera kuntchito, akafika pampanda amayamba aima kaye. Akamva nyimbo za filimu zija m'nyumba, amadziwa kuti pakhomo pali munthu, ndiye amalowa n'kukalipa kuti zikusokosa. Akuti kukalipako ndiye mpumulo wawo. Chimene akuopa ndi tsiku limene adzaime pampandapo osamva kanthu."

Ndinagwira pakamwa ndi manja onse awiri. Nyimbo inatulukira m'mphuno. Mayi Nabanda anali akulira, misozi ikugwera pa mandasi. A butchala aja ankalira uku akuvinabe pang'onopang'ono, zikwanje zili m'mwamba. Njovu inakhala pansi. Manyazi amene anandigwira sindinawaonepo chibadwire, chifukwa munthu akakunamizira umakana, koma akakunenera zoona pagulu umasowa pogwira. Ndipo ndisabise, zinandiwawa. Mnyamata amene ndimamunyoza uja ankatulutsa zinthu zimene ine mwini sindinauzepo ngakhale pilo.

Vesi yomaliza inatuluka yokha, yapansipansi, ng'oma zitasiya, kutatsala chitoliro chimodzi. Yosefe anaimasuliranso. Polankhula, nthabwala zija munalibe.

"Akuti mlongo wawo anawaphunzitsa zonse asanapite. Phala amalikonda lotani, akatentha thupi achite chiyani, akalira usiku amunyamule bwanji. Koma sanawauze kuti tsiku lomupereka kwa eni ake likadzafika, munthu amachita bwanji."

Atatero anazimitsa maikolofoni.

Ndiye ndinali pamwamba pa masitepe paja kachiwiri, Pilirani akukwera kubwera kwa ine, atavala diresi lake lakale la kusukulu limene ndinamusokera ndekha, lija ndinalakwitsa dzanja limodzi kukhala lalitali. Atafika anawerama n'kugwira mapazi anga, monga amachitira ana a m'mafilimu amenewa kwa makolo awo. Ine ndinayesa wagwetsa pini, ndinayamba kumuthandiza kufunafuna. Anadzutsa mutu, mvula inasiya, ndipo anandifunsa m'Chichewa chathu chomwechi, mwa mawu ake enieni.

"Amalume, ndiye mwati bwanji?"

Ndinamva lilime langa likubwerera m'malo mwake. Ndevu zija zinagwa pansi. Ndinadziwa kuti ndikatsegula pakamwa tsopano mutuluka mawu anga, opanda wondilankhulira, ndipo chimene ndinene chikhala chomwecho. Ndinakoka mpweya. Njovu ija inadzutsa chitamba n'kulira kuti kokoliriko.

Ndinadzidzimuka ndili pabedi, bulangete nditalikulunga kumutu, tambala wathu akulira pawindo penipeni. Kunja kunali kutayera kale. Ndisanapeze n'komwe masilipasi, ndinamva kugogoda. Pilirani anali pakhomo ndi kapu ya tiyi, ndipo lero sanaiike patebulo, anandipatsa m'manja.

"Amalume, munali kuimba kutulo."

"Ine? Unamva wailesi ya kwa aneba."

"Kwa aneba magetsi anawadulira." Anayang'ana pansi, milomo ikunjenjemera pofuna kuseka, kenako nkhope inasintha. "Ndimati ndifunse. Tambalayu ndimugwire wa alendo a Loweruka, kapena alendowo angomwa madzi n'kubwerera?"

Ndinamwa tiyi wotentha uja mpaka kupsa lilime, kuti ndipeze nthawi. Kenako ndinati amugwire kaye, amumangirire pa mtengo wa papaya, za mpeni ndinena ndine.

Ndiye abale anga, mutu umodzi susenza denga, inu odziwa maloto tandithandizani. Njovu yolowa m'nyumba chobwerera imatanthauza chiyani? Nanga mvula yogwa pabalaza anthu osatenga beseni? Nanga munthu wamkulu, wa mpingo, kuimba ndi mawu a mtsikana pamaso pa alendo? Ine maganizo anga ndi akuti ndi nyemba zimene ndinadya ndisanagone, ndipo amene agwirizane nane pa nyembapo ndimuthokoza kwambiri. Amene ali ndi tanthauzo lina anene, koma anene mwaulemu, ndiponso msanga, chifukwa Loweruka ndi mkuja. Pamene ndikulemba pano tambala uja ali pachingwe pansi pa papaya, chimanga chimene ndamuponyera sanachikhudze, wangopendeketsa mutu akundiyang'ana ndi diso limodzi. Nayenso akudikira kuti amve ndati bwanji.