Liness ndi fayilo imene inasowa

Liness, mwana wa mng'ono wanga, anabadwa pa 9 Epulo 1996 kwa Kanduku. Atamaliza maphunziro a makompyuta ku Blantyre, anabwerera kumudzi kukafesa mbande za manachesi kudimba la mayi ake. Analemba yekha pulogalamu yoyatsa ndi kuzimitsa pampu ya sola, kuti mbande zizimwa madzi ngakhale iye ali kumsika.

Mu Okutobala 2022, dzuwa likuswa mtengo, pulogalamuyo inayamba kuuma. M'mawa inkagwira bwino, koma pofika masana inali itadya memori yonse ya laputopu, pampu n'kuima. Mbande zinayamba kufota.

Pali chida chimene olemba mapulogalamu amafufuzira pamene memori ikuthera. Liness atachitsegula, chinakana kuyamba: fayilo ina ya laibulale, imene mapulogalamu amabwerekana, panalibe. Mwamuna wake Kinsley anali atafufuta zimene ankati zinyalala kuti nyimbo za kwaya zikwane. Liness anakwera chitunda cha kuseri kwa tchalitchi, kumene netiweki imagwira, n'kukopera pa intaneti fayilo ya dzina lomwelo. Chida chinaikananso. Fayiloyo inali yatsopano, laputopu yakale.

Apo anakumbukira kuti laputopuyo ili ndi inzake. Malume ake anagula ziwiri zofanana ku Joni, ina ya iye, ina ya mkulu wake Esinati, kuti pasakhale wodandaula. Ya Esinati inali ku Thambani, kumene amuna ake a Stafford amaonetsa mafilimu.

Pa 21 Okutobala Liness anakwera pikapu.

"Akazi anga aang'ono afika!" anafuula a Stafford pakhomo. "Koma filimu isanathe laputopu siigwiridwa. Anthu awa angandidye."

"Alamu, mbande zanga zikufa, inu muli pa karate?"

"Khalani pabenchi. Wankhanzayu watsala pang'ono kumenyedwa."

Anakhala, namuona akumenyedwa. Kenako anakopera fayiloyo pa fulashi.

Atafika kudimba n'kuika fayiloyo mu laputopu yake, chida chinatseguka n'kuloza mzere wolakwika. Nthawi iliyonse pulogalamu ikayeza madzi m'thanki, inkatenga malo m'memori osawabweza. Liness anawonjezera mzere umodzi wobweza malowo. M'mawa mwake pampu inalira, masana inadutsa ikulira, mpaka dzuwa kupendeka.

Mbande za m'mphepete mwa dimba zinali zitafa kale. Zotsalazo zinadzuka, ndipo zinawokedwa ndi mvula ya Disembala. Pa 14 Juni 2025 Liness anandibweretsera manachesi oyamba m'chitenje. Ena anatumiza ku Thambani, kwa alamu ake.