Batala Wophethira

Pamsika wa Nkhata Bay, Ellen NyaLongwe unkayamba kumumva usanamuone. Anzake ogulitsa nsomba ankadikira makasitomala ali duu ngati ali pamzere wa kuchipatala, koma iye ankapendeketsa khosi, kumenya beseni ndi chikhatho, n'kukoka mawu: "Batala wa leroo! Akuphethira, amama, akuphethira!" Nsomba siphethira, ndi mwana yemwe amadziwa, koma anthu ankagula. Kuitana kumeneku n'kumene kudalera ana ake atatu, bambo wawo atapita ku Joni n'kuiwala njira yobwerera. Kwa Ellen sizinali zoseketsa. Inali ntchito, ndipo ankainyadira.

Mwana wake wachisamba, Amon, ali Folomu 3 adaima nawo pachisankho cha pulezidenti wa ophunzira pasukulu pawo. Wopikisana naye anali mtsikana wa ku Lilongwe, mwana wa bwana wina wa m'maofesi a boma, wa Chingerezi chotulukira m'mphuno. Mphunzitsi adalangiza onse awiri kuti ukafuna anthu akutchere khutu, yamba wawaseketsa. Amon nthabwala analibe. Chimene anali nacho ndi mayi ake.

Tsiku la kampeni Amon adakwera pansanja, adapendeketsa khosi mpaka khutu kugunda phewa, adamenya desiki, n'kukuwa za batala wophethira uku akugwedeza chiuno, chinthu chimene Ellen sadachitepo chibadwire. Holo yonse idagwa ndi phwete. Za zimbudzi ndi laibulale zimene adanena pambuyo pake palibe adazimva. Adapambana, ndipo wina adajambula zonse pafoni.

Ellen adazidziwa mawa lake, ana a yunifolomu ataunjikana pabenchi pake n'kumupempha kuti awaitanireko batala. Kenaka kudabwera a m'maofesi, a kabaza, ngakhale amayi a mvano anzake, aliyense foni m'manja. Manyazi adamugwira ngati wavulidwa chitenje pagulu. Adatseka pakamwa.

Koma pamsika sudya manyazi. Nsomba ya munthu wachete imabwerera kunyumba, ndipo madzulo angapo Ellen adakhala akuwamba batala wotsala, utsi uli tho m'maso. Kusamuka akadasamukira kuti? Benchi lililonse pamenepo lili ndi mwini wake, ndipo tauni yake ndi ya msewu umodzi. Choncho adayambiranso kuitana monga mwa kale. Ana aja adapukusa mitu, amvekere si choncho, Amon amachita bwino kuposa pamenepo. Ellen adapendeketsa khosi kwambiri. Anawo adamuuza kuti chiuno chatsala. Adagwedeza chiuno, mayi wamkulu wa mvano, ndipo beseni lidatha dzuwa lisanafike pamutu.

Kunyumba ankafuna kumukhazika pansi mwanayo. Mawu ankawakonza njira yonse yokwera chitunda, koma akafika ankapeza Amon akupukuta baji yake, nkhope ili ngwee, akusimba kuti ahedi tsopano amamupatsa moni wa padzanja. Mwana amene kale ankazemba njira ya kumsika akakhala ndi anzake, lero ankaloza mayi ake poyera.

"Ama, ndakutchukitsanitu," adatero tsiku lina.

Ellen adangomufunsa ngati wadya. Mumtima munkapweteka, koma akadamulanda bwanji mwana chinthu chokhacho chimene chidamuimika pamaso pa ana a mabwana?

Miyezi idapita akuvina choncho. Tsiku lina m'mawa kukuwaza mvula, sitima ya Ilala itangokocheza, msika unali wopanda ana a sukulu ngakhale mmodzi. Ellen adaona mayi wina wachilendo akuchokera kudoko, katundu pamutu, ndipo mtima udatsika. Uyu sakundidziwa, adaganiza, ndimuitana mwa ine mwini. Adamenya beseni n'kutsegula pakamwa.

Khosi lidapita lokha mpaka paphewa. Chiuno nacho chidatsatira.

Mlendoyo adaima, adaseka mpaka kugwira katundu kuti asagwe. "Inunso mumamutsanzira mnyamata wa pafoni uja? Mwayesetsa ndithu, mayi."

Adagula batala awiri n'kumapita. Ellen adatsala akuyang'ana m'beseni. Adayesanso chapansipansi, kuti amve yekha, kufunafuna pamene mawu ake ankakwerera ndi pamene ankatsikira zaka zonse zija. Adayesa kachiwiri, kachitatu. Nthawi zonse mawu amene ankatuluka anali a Amon.