Kavalo Wokana Ulemu

Njanji itangofika kumene ku Limbe, Fabiano anali munthu wotheratu. Kale ankanyamula azungu pa machila, koma phewa litaguluka pa ulendo wa ku Zomba, ntchito inathera pomwepo. Wamachila wopanda phewa angamufune ndani? Iye, mkazi wake Felicia ndi kamwana kawo Ursula ankagona m'makhonde a masitolo.

Mmwenye wina wogulitsa nsalu, dzina lake Mahendra, anali atagula kavalo woti azikoka ngolo kuchokera ku siteshoni. Kavaloyo anali nkhupakupa zokhazokha, koma wosafuna kukhudzidwa. Antchito ena anali atawagoneka kale ndi mateche.

"Ukamupesa n'kumuchotsa nkhupakupa, kanyumba kakuseriko uzikhalamo," anatero Mahendra kwa Fabiano, amene anabwera kudzapempha ntchito. "Akakukana, mwezi ukatha ndimugulitsa, nawenso uzipita."

Fabiano anali asanamuonepo kavalo chapafupi. Anaganiza kuti nyama yokwera azungu ndi yolemekezeka, ndiye m'khola ankalowa monga munthu wabwino amafikira akuluakulu. Ankadzera chakumbuyo, monyonyomala, n'kuwomba m'manja mwaulemu. Kavalo ankalumpha ngati waponda moto. Mkuluyu n'kumati mwina ulemu wachepa, mawa lake n'kuwomba mwamphamvu. Theche linamupeza pantchafu, anatuluka chokwawa.

"Bambo a Ursula, tiyeni tizipita," anatero Felicia akumuthowa ndi madzi otentha. "Mufere nyama ya eni?"

"Ndimve kaye chimene ndikumulakwira, mayi a Ursula. Ulemu wonse ndikumupatsa ine."

Mantha anali nawo ndithu, koma chidwi chinamukulira. Anasiya kulowa m'khola, n'kumangokhala pampanda, maso pa kavalo. Nkhuku zinkasanthula pansi pa mimba ya kavaloyo, iye osazilabadira. Felicia ankadutsa kutsogolo kwake atasenza madzi, akulalatira mwana, kavalo n'kumangomutsatira ndi makutu. Koma tsiku lina galu anadzera kumbuyo monyang'ama, ndipo makutu aja anagona, chiboda chinauluka.

Fabiano anaseka mpaka misozi.

"Mayi a Ursula, bwerani mumve! Masiku onsewa ine ndimati ndikumulemekeza, mnzangayu amaona chilombo chikumuzembera!"

Kuyambira pamenepo ankafika chilili, chakuphewa kumene kavalo amamuona, akulankhula za dzuwa ndi za njala. Ankaika dzanja pakhosi. Kavalo akasuntha, dzanja osachotsa. Akangoima phee, Fabiano ankalichotsa n'kubwerera m'mbuyo, kuti nyamayo idziwe kuti kuima n'kumene kumabweretsa mtendere. Dzanja litazoloweleka anatenga kansanza, kenako burashi.

Sizinayende ngati madzi ayi. Atafulumira kukhudza mimba, kavalo anamung'ambira malaya ake amodzi omwewo, ndipo anayambiranso pakhosi. Amtengatenga odutsa ankamuseka kuti akufunsira mbeta m'khola. Iye ankangoyang'ana makutu.

Mwezi utatha, Mahendra anafika ndi wogula. Felicia anali atamanga kale kamtolo ka zovala, mtima uli m'mwamba.

Fabiano analowa akucheza ndi kavalo wake monga mwa masiku onse. Anamupesa khosi, msana, mpaka mimba ija. Anapinda khutu n'kuyamba kutongola nkhupakupa. Kavalo anatsitsa mutu, mlomo uli lende, n'kuyamba kusinza.

Mahendra anaonerera zonsezo. Kenako anatembenukira kwa wogula uja.

"Pepani bwana, mwavutikira chabe. Sakugulitsidwanso."

Tsiku lomwelo Felicia anamasula kamtolo, anakumba dothi lakuda n'kuzira kanyumba kaja. Munthu sazira nyumba imene akuchokamo.

Inu amene mukuwerenga, mwina nanunso chinthu chakumenyani theche, chonsecho mukuchichitira zonse zimene munaphunzira kwanu. Musafulumire kunena kuti ndinu olephera. Khalani kaye pampanda, muchiyang'anitsitse, mudzifunse kuti icho chikukuonani bwanji. Kenako lowaninso m'khola. Mtima wokhawo musautaye, abale anga.