Diso la Amayi Maria

Dzulo magetsi atazima ndinabwereka simbi ya makala. Fungo la nsalu yotentha linandibwezera kwathu, kumunsi kwa Mua.

Amayi anga anali ndi chitenje chokhala ndi nkhope ya Amayi Maria, chovala pa misa ikuluikulu basi. Loweruka lina ndinachisita ndekha kuti ndiwasangalatse. Kakhala ka moto kanagwa kuchokera m'simbimo n'kuboola diso lakumanzere la nkhopeyo.

Ndinkaganiza kuti ndawachititsa khungu Amayi Maria enieniwo, ndipo mawa mpingo wonse ukapeza chifanizo cha kuguwa chili ndi diso limodzi. Ndinapinda chitenjecho osauza munthu.

M'mawa amayi anachivala osaona kanthu, bowo lili kumbuyo. Titafika pakhomo la tchalitchi chathu cha njerwa zofiira, miyendo yanga inakana.

"Lowa iwe, watani?" anatero amayi.

"Amama, ndawaboola diso," ndinalira ndikuloza.

Anatembenuza chitenjecho n'kupumira m'mwamba. "Ndiye ukunjenjemera njira yonseyi? Aona ndi linalo. Tiye."

Lero mwana wanga akaswa mbale, ndimayamba ndayang'ana ngati miyendo yake ikunjenjemera ndisanatsegule pakamwa.